Magemu a Flash amene ana a ku Brazil anakulira akukana kutseguka: vuto lili pati, mukonza bwanji?

Munthu wa zaka za m'ma 30 ku São Paulo, Recife kapena Belém akakumbukira gemu imene ankasewera ali mwana, zimamuyendera mofanana nthawi zonse. Amasaka dzina lake pa Google, tsamba lija n'kulipeza, n'kudina. Pamene pankatuluka kamnyamata kamoto ndi kamtsikana kamadzi pamangobwera bokosi lotuwa, mwina pakati pali chilembo cha f, mwina mawu akuti "Adobe Flash Player is no longer supported". Atsegulanso tsambalo, zii. Asintha browser, zii. Kenako amapeza tsamba lina lomulonjeza kuti akangodawuniloda kapulogalamu kena zonse zikhala bwino, ndipo mavuto enieni amayambira pomwepo.

Anthuwa sakakamira timagemuti pachabe. Kumayambiriro kwa zaka za m'ma 2000, mabanja ambiri a ku Brazil amene anali ndi kompyuta ankalowa pa intaneti kudzera pa lamya ya m'nyumba, ndipo bilu inkakwera malinga ndi nthawi imene mwakhalapo. Koma kuyambira 12 koloko usiku mpaka 6 koloko m'mawa, Loweruka kuyambira 2 koloko masana, ndi Lamulungu tsiku lonse, munkalipira kamodzi kokha ngakhale mukhalepo maola angati. Ana ankadikira Loweruka masana maso ali pa wotchi. Amene kwawo kunalibe kompyuta ankapita ku lan house, timashopu ta makompyuta tolipira pa ola, ndipo kafukufuku wa mu 2007 wa CGI.br, bungwe loyang'anira intaneti ku Brazil, anapeza kuti pafupifupi theka la ogwiritsa ntchito intaneti m'matauni a dzikolo ankailowera m'malo olipira oterewa. Pa intaneti yokwawa ndi makompyuta ofooka, gemu ya ma megabyte awiri yotseguka yokha mu browser, yosafuna kuika chilichonse, yosafunanso ndalama, inali chuma. Ndi mmene mawebusaiti a magemu a Click Jogos ndi Friv analowerera m'mitima, pamodzi ndi gemu ya ulimi ya Colheita Feliz pa Orkut, webusaiti yochezerapo ngati Facebook, kumene ana ndi azakhali awo omwe ankadzuka m'mamawa kukaba zokolola m'minda ya anzawo.

Pafupifupi zonsezi zinkayendera Flash, kapulogalamu ka kampani ya Macromedia imene Adobe inagula mu 2005. Gemu yeniyeniyo ndi fayilo yothera ndi .swf, ndipo Flash Player ndi imene inkaiwerenga. Zili ngati kaseti ndi wailesi yake: kaseti ikhoza kukhala yabwinobwino m'kabati, koma wailesi ikafa simumva kanthu. Flash inali ndi mipata yambiri yolowera akuba a pa intaneti, inkadya batire, ndipo Steve Jobs anaikana poyera pa iPhone m'kalata yake ya mu Epulo 2010. Mu Julayi 2017 Adobe inalengeza kuti iisiya. Inaisiyadi pa 31 Disembala 2020, ndipo kuyambira pa 12 Januwale 2021 Flash Player yokhayo inayamba kukana kutsegula mafayilo. Mwezi womwewo Chrome 88 ndi Firefox 85 zinatuluka zilibe Flash.

Musanayambe kuika mapulogalamu, dziwani kaye chimene chinafa pa gemu yanuyo, chifukwa mankhwala ake amasiyana. Nthawi zambiri chinafa ndi chowerengera chokhacho, fayilo ilipo, apo n'posavuta. Nthawi zina fayilo inachotsedwa pa webusaiti kapena ikusowa zidutswa zake. Apo pafunika kusaka. Ndipo magemu ena, amene munkasewera ndi anthu ena nthawi imodzi, ankadalira seva, kompyuta ya kampani imene osewera onse ankalumikizanako. Seva ikazimitsidwa palibe pulogalamu imene ingaidzutse. Anthu ambiri amataya usiku wonse akukonza vuto loyamba pamene lawo ndi lachitatu.

Musaikenso Flash Player

Ndikuyambira apa chifukwa ndi pamene anthu amavulalira. Adobe inachotsa tsamba lodawunilodira Flash Player. Tsamba lililonse limene lero likukuuzani kuti Flash yanu yatha ntchito, dinani apa muike yatsopano, ndi nyambo. Chinyengo chimenechi n'chakale, chinalipo Flash ikadali moyo, ndipo chikugwirabe anthu chifukwa munthu wofuna gemu ya ubwana wake amadina asanaganize. Ku China kuli mtundu wa Flash umene kampani ina inapatsidwa chilolezo chopitiriza, koma umadziwika ndi kutulutsa zotsatsa malonda zosapemphedwa pa kompyuta, ndiye musautsate.

Malangizo ena awiri amafala kwambiri. Ena amati bwezani tsiku la pa kompyuta likhale la mu 2020 kuti Flash isazindikire kuti nthawi yake inatha. Zimagwira pa Flash yakale imene ikadali mu kompyuta, koma browser imayamba kukana mawebusaiti ambiri ponena kuti ziphaso zawo zachitetezo sizili m'nthawi yake, ndiye mwakonza gemu imodzi n'kuononga imelo ndi banki. Ena amati ikani browser yakale ya chaka cha 2019. Browser yotero sinalandire zigamba zachitetezo kwa zaka zambiri, ndipo mukuiyendetsa m'mawebusaiti a magemu aulere, amene ambiri mwa iwo ndi odzaza ndi zotsatsa zokayikitsa.

Ngati munaika kale chinthu chotere, chichotseni m'ndandanda wa mapulogalamu, yang'anani ma extension, timapulogalamu toonjezera pa browser yanu, ngati mwalowa ena achilendo, pimani kompyuta yonse ndi Windows Security kapena antivairasi imene muli nayo, kenako sinthani mapasiwedi ofunika muli pa foni kapena kompyuta ina.

Onani kaye ngati mwini gemu anaitulutsanso

Izi zimatenga mphindi zisanu ndipo zingakupulumutseni ku zonse zili m'munsimu. Magemu otchuka ambiri anasamutsidwira ku HTML5, njira imene browser iliyonse ya masiku ano imawerenga yokha. Fireboy and Watergirl, ya kamnyamata kamoto ndi kamtsikana kamadzi ija, imene ku Brazil amangoti Fogo e Água, ilipo mwa njira imeneyi. Friv yomwe inasamukira ku HTML5, n'chifukwa chake timabokosi ta magemu tili pamenepo lero si tonse timene munkadziwa. Kampani ya Ninja Kiwi, eni ake a magemu a Bloons, inasonkhanitsa magemu ake akale mu Ninja Kiwi Archive, yaulere pa Steam, sitolo ya magemu a pa kompyuta ya pa intaneti. Flipline Studios, amene anayamba ndi Papa's Pizzeria mu 2007 kuika ana pa ntchito yophika ndi kuperekera makasitomala, anatulutsa Papa's Freezeria Deluxe pa Steam mu 2023. Transformice, gemu ya ku France ya timbewa tothamangira tchizi imene anthu a ku Brazil anaikhamukira kuyambira 2010, ili pa Steam. Haxball ndi Gartic zikuyendabe mu browser.

Bokosi lotuwa pamalo pa gemu

Apa mankhwala ndi Ruffle. Ndi pulogalamu yaulere yolembedwa ndi anthu ongodzipereka, imene imawerenga mafayilo a .swf popanda kugwiritsa ntchito kachidutswa kalikonse ka Flash Player yakale. Inalembedwa m'chilankhulo cha makompyuta cha Rust ndipo imayenda mkati mwa mpanda wachitetezo wa browser, choncho mipata ija inapha Flash ilibe. Internet Archive, nkhokwe yosunga zakale za pa intaneti, inayamba kuigwiritsa ntchito mu Novembala 2020, webusaiti ya magemu ya Newgrounds nayonso imaidalira, ndiye pa mawebusaiti awiriwo simufunika kuika chilichonse, mumangodina gemu n'kuyamba.

Pa mawebusaiti ena ikani extension ya Ruffle. Yambirani pa ruffle.rs ndi kutsata ulalo wa ku sitolo ya Chrome kapena Firefox, osati kudalira zimene Google yakubweretserani pamwamba. Mukaika, tsegulaninso tsamba la gemu lija. Gemu ikayamba koma ili duu, dinani pakati pake. Ma browser a masiku ano salola mawu kutuluka munthu asanadine.

Ngati palibe chasintha, onani ngati extension yaloledwa kugwira ntchito pa tsambalo. Pa windo la incognito, losasunga mbiri ya kumene mwalowa, ma extension amakhala ozimitsidwa pokhapokha muwalole nokha. Zikhozanso kutheka kuti eni webusaiti anachotsa fayilo n'kusiya chithunzi ndi dzina lokha kuti anthu azibwerabe kudzaona zotsatsa. Ruffle siingawerenge chimene palibe.

Pali gemu zina zimene zimatseguka koma zopunduka: mabatani sakudinika, zilembo sizikuoneka, kapena munthu wanu akugwera pansi kupyola nthaka. Chifukwa chake kawirikawiri ndi chilankhulo chimene gemuyo inalembedwera. Magemu akale kwambiri analembedwa mu ActionScript 1 ndi 2, zimene Ruffle inayambira ndipo imazidziwa bwino. ActionScript 3 inabwera mu 2006 ndi Flash Player 9, ndipo magemu ambiri a zaka zotsatira anaigwiritsa ntchito. Ruffle inachedwa kuifika, koma yapita patsogolo kwambiri zaka zaposachedwapa. Ndiye ngati munayesa gemu yanu zaka ziwiri zapitazo n'kukana, yesaninso lero ndi Ruffle yatsopano. Ngati fayilo ya .swf muli nayo pa kompyuta, pali Ruffle ya pa kompyuta yosadalira browser, ndipo nthawi zina imayendetsa bwino gemu imene ikuvuta mu browser.

Chinthu china chimene anthu sachiganizira n'chakuti si gemu iliyonse ya nthawi imeneyo inali ya Flash. Magemu ambiri a magalimoto ndi owomberana ooneka a 3D ankayendera Shockwave kapena Unity Web Player. Adobe inasiya Shockwave mu Epulo 2019, ndipo Chrome inatseka khomo limene Unity Web Player inkalowera kale mu Seputembala 2015. Mafayilo ake amathera ndi .dcr kapena .unity3d. Ruffle siiwadziwa amenewa, ndipo kuiika ndi kuichotsa kakhumi sikusintha kanthu.

Gemu yaima pa kulowa, kapena ikuti iseweredwe pa webusaiti ina

Mzere uja wosonyeza kuti gemu ikulowa ukafika penapake n'kuima, kapena sikirini ikada bii pambuyo pa chizindikiro cha kampani, vuto silikhala Ruffle nthawi zambiri. Magemu akuluakulu sankakhala mu fayilo imodzi. Fayilo yoyamba inali khomo chabe, ndipo nyimbo, zithunzi ndi magawo otsatira zinkaitanidwa kuchokera ku seva pamene zafunika. Magemu enanso ankayamba aonetsa malonda ochokera ku kampani yotsatsa, ndipo kampaniyo ikatseka gemu imangodikira malonda amene sadzabwera. Ena anali ndi loko: gemu imayang'ana adiresi ya tsamba limene yatsegulidwirapo, ikaona kuti si kwawo imakana kuyamba. Opanga magemu ankachita izi chifukwa mawebusaiti ankaberana mafayilo mopanda manyazi.

Pa mavuto atatu onsewa chimene chimathandiza ndi Flashpoint. Ntchitoyi inayambitsidwa ndi munthu wa ku Australia wodziwika ndi dzina la BlueMaxima Adobe italengeza za imfa ya Flash, ndipo pano ikupitirira ndi dzina la Flashpoint Archive. Anthu odzipereka asungamo magemu oposa 100,000, pamodzi ndi zidutswa zake zonse. Nzeru yake ndi yakuti imayendetsa kaseva kakang'ono mkati mwa kompyuta yanu momwemo kamene kamanamiza gemu kuti ikadali pa webusaiti yake yakale. Gemu ikafunsa adiresi imamva yankho limene ikufuna, ikaitana nyimbo imazipeza. Ilinso ndi zowerengera za Shockwave, Unity, Java ndi Silverlight, ndiye magemu a magalimoto aja ali kumeneku. Kwa ine, gemu ikakana mu Ruffle kawiri, kulimbana nayo n'kutaya nthawi. Pitani ku Flashpoint.

Samalani posankha mtundu. Flashpoint Infinity ndi yaing'ono, ndipo imadawuniloda gemu iliyonse pamene mwaidina koyamba. Ikatero imakhala mu kompyuta, mungaisewere ngakhale netiweki itathawa. Flashpoint Ultimate imabwera ndi zonse nthawi imodzi ndipo ndi yoposa terabyte imodzi. Ngati mumagula bandulo, dzina limenelo musaliyandikire n'komwe. Flashpoint imayenda bwino kwambiri pa Windows. Ya Linux ilipo, pa Mac ndiye pamafunika kuleza mtima.

Mavuto ake amabwerezabwereza omwewo. Antivairasi imatha kugwira mafayilo ena a Flashpoint n'kuwatsekera poganiza kuti ndi oopsa, chifukwa ndi mapulogalamu akale komanso chifukwa cha kaseva kaja. Zikatero magemu onse amatseguka sikirini ili yoyera mbee. Ngati munadawuniloda kuchokera pa flashpointarchive.org penipeni, bwezani mafayilowo ndi kuuza antivairasi kuti foda ya Flashpoint isamaikhudze. Ngati munaitenga kwina, ichotseni yonse muyambirenso. Musaiyendetse ili mkati mwa fayilo ya zip, iyambe yamasulidwa. Iikeni mu foda wamba, osati mu Program Files kumene Windows imaletsa kulemba, kapena mu foda imene OneDrive imasamutsira pa intaneti. Gemu ikatseguka yoyera ulendo woyamba, mwina ikudawunilodabe. Dikirani pang'ono, itsekeni, muitsegulenso. VPN nayo imatha kusokoneza, ndiye izimitseni muyese.

Makolo adziwe kuti Flashpoint imasunga zonse zimene zinali pa intaneti nthawi imeneyo, zaukhondo ndi zolaula zomwe. Magemu oipitsitsa amabisidwa pokhapokha munthu atsegule yekha m'makonzedwe, koma mwana asasiyidwe yekha kufufuza m'nkhokwe yonseyo. Mupangireni ndandanda yake ya magemu amene mwaona nokha.

Dzina la gemu mwaliiwala

Ku Brazil vutoli ndi lalikulu kuposa kwina, ndipo chifukwa chake chilipo. Mawebusaiti a kumeneko ankapatsa magemu mayina a Chipwitikizi, nthawi zina osagwirizana n'komwe ndi dzina lenileni, ndipo ana nawonso ankatchula mmene akuonera: gemu ya njinga yamoto, gemu ya kamunthu kandodo, gemu yovalitsa zidole. Munthu amakula akudziwa Fogo e Água, osadziwa kuti mwini wake Oslo Albet anaitulutsa mu 2009 ndi dzina la Chingerezi. Nkhokwe ngati Flashpoint zimasunga magemu ndi mayina awo oyambirira, ndiye mukasaka ndi dzina la pa Click Jogos mukhoza kubwerako chimanjamanja gemu ili momwemo.

Sakani kawiri. Yambani ndi Chipwitikizi pa Google ndi pa YouTube, pamene pali mavidiyo ambiri a anthu a ku Brazil akuonetsa magemu a ubwana wawo. Mukaiona pa vidiyo, dzina lenileni limaoneka pa sikirini yoyamba ya gemuyo. Anzathu a ku Tete ndi Angónia apa ali ndi mwayi, poti Chipwitikizi ndi cha kusukulu kwawo. Mukapeza dzina la Chingerezi, kalisakeni m'nkhokwe ya Flashpoint, imene mungaifufuze pa webusaiti yawo musanaike chilichonse.

Njira ina ndi Wayback Machine ya Internet Archive. Lembani adiresi ya webusaiti imene munkasewerapo, sankhani chaka chimene mukukumbukira, mwachitsanzo 2009, ndipo mudzaona tsamba lakutsogolo mmene linalili, ndi tizithunzi ta magemu. Maso amakumbukira zimene pakamwa payiwala. Nthawi zina fayilo ya .swf yomwe inasungidwa, ndipo mungaitenge n'kuitsegula ndi Ruffle. Nthawi zambiri tsamba lokha ndi limene linasungidwa, koma dzina mwalipeza.

Zikakanika, funsani anthu. Safunsa anadya phula. Pa webusaiti ya zokambirana ya Reddit pali gulu la r/tipofmyjoystick limene ntchito yake ndi kuzindikira magemu oiwalika. Musangolemba kuti inali gemu yokoma ya kamnyamata. Nenani chaka, webusaiti, ngati munkaona munthu wanu cham'mbali kapena kuchokera pamwamba, mabatani amene munkadina, mtundu wa zovala zake, ndi chimene chinkachitika mukafa. Kanthu kakang'ono kachilendo, monga phokoso limene linkamveka mukaluza, kamathandiza kuposa kufotokoza nkhani yonse.

Gemu yatseguka koma sikuseweredwa bwino

Mabatani a mivi akamasuntha tsamba m'malo mosuntha munthu wanu, dinani kamodzi mkati mwa gemu kuti kiyibodi idziwe kumene ikulankhula. Gemu yofuna kudina Shift kambirimbiri imadzutsa kabokosi ka Sticky Keys ka Windows, kamene kamatuluka mukadina batanilo kasanu motsatizana. Kazimitseni m'makonzedwe a kiyibodi.

Vuto lokoma kwambiri ndi la magemu a anthu awiri pa kiyibodi imodzi, amene anali mtima wa lan house ndi wa nyumba za ana ambiri kompyuta imodzi. Mu Fogo e Água wina amagwira mivi, wina W, A ndi D. Onse awiri akuthamanga, wina adumpha, wina sadumpha, agwera m'dziwe lobiriwira, gawo liyambirenso, ndipo mkangano wa pachibale wabuka: ndinadina ine, sunadine iwe. Nthawi zambiri onse awiri amanena zoona. Makiyibodi otchipa ndi a malaputopu ambiri analumikizidwa mkati mwa njira yakuti magulu ena a mabatani atatu kapena anayi akadinidwa pamodzi, limodzi silimveka. Si vuto la Ruffle kapena la Flashpoint, ndipo linalipo kale mu 2009. Lumikizani kiyibodi yachiwiri ya USB, aliyense agwire yake. Kompyuta imamva zonse ziwiri nthawi imodzi ndipo mkangano umatha.

Gemu ikamakoka miyendo mu Ruffle, onani ngati hardware acceleration ndi yoyatsidwa m'makonzedwe a browser, chifukwa Ruffle imadalira mbali ya kompyuta yojambula zithunzi. Tsekani ma tab ena. Dinani batani lakumanja la mausi pa gemu, muchepetse ubwino wa chithunzi, monga tinkachitira ndi Flash yeniyeni pa makompyuta ofooka. Musadabwenso gemu ikaoneka kabokosi kakang'ono pakati pa sikirini. Inapangidwira masikirini a nthawi imeneyo, ndipo mukaikulitsa zithunzi zina zimasweka. Mwina mudzapezanso kuti gemu imene munkaiona ngati yovuta zedi mwaimaliza mu mphindi makumi awiri, kapena kuti inali kope wamba la gemu ina. Zambiri zinalidi choncho, palibe chaonongeka pa kompyuta yanu.

Pa foni musayembekezere zambiri. Flash sinalowepo pa iPhone, ndipo pa Android Adobe inaisiya mu 2012. Ruffle imatha kuyenda mu browser ya foni, koma magemuwa anapangidwira kiyibodi ndi mausi. Ovalitsa zidole ndi ophika, amene amangofuna kudina, amatheka. Othamanga ndi odumpha ayi.

Pamene munafika pasowa

Flash inkasunga pamene mwalekezera m'timafayilo tothera ndi .sol, mkati mwa kompyuta imene munkasewerapo, osati pa intaneti. Pa Windows tinkakhala mu foda ya AppData, pansi pa Macromedia, Flash Player, kenako #SharedObjects. Ngati kompyuta yakale ya kwanu ikadali m'nyumba ndipo ikuyaka, mwina tilipo. Ngati munkasewera ku lan house, zinapita.

Zofunika kwambiri ndi za lero. Ruffle ya mu browser imasunga pamene mwafika m'nkhokwe ya browser ya webusaitiyo. Mukafufuta ma cookie ndi zosungidwa za mawebusaiti, kapena mukasewera pa incognito, zonse zimafufutika, ndipo gemu yomweyo mukaitsegula pa webusaiti ina imayambira pachiyambi. Gemu yaitali, ya magawo ambiri, iseweredwe mu Flashpoint kapena mu Ruffle ya pa kompyuta.

Pamene palibe chokonza

Tsopano magemu a seva aja. Google inatseka Orkut pa 30 Seputembala 2014. Colheita Feliz inali minda ya anthu mamiliyoni yosungidwa pa makompyuta a kampani, yolumikizidwa ndi ndandanda ya anzanu a pa Orkut. Ngakhale mutapeza fayilo yake ya .swf lero, mudzangoona chithunzi choyamba chikudikira yankho. Munda wanu, galu wanu wolondera ndi ndalama zanu za m'gemu sizinakhalepo mu kompyuta yanu. Aliyense wokulonjezani kuti akubwezerani akaunti yanu yakale mukalemba imelo ndi pasiwedi akufuna imelo ndi pasiwediyo.

Club Penguin, gemu imene ana ankachezeramo pa chilumba aliyense ali mbalame ya penguin, imene Disney inagula mu 2007 n'kuitulutsa m'Chipwitikizi mu 2008, inatsekedwa kumapeto kwa Malichi 2017. Flashpoint ndi nkhokwe zina zingakupatseni timagemu tina ta mkati mwake toseweredwa ndi munthu mmodzi, koma chilumba chodzaza ndi anzanu ayi. Chimene chilipo ndi maseva a anthu wamba amene anamanganso gemuyo popanda chilolezo. Amabwera n'kupita. Yotchuka kwambiri, Club Penguin Rewritten, inatsekedwa mu Epulo 2022 apolisi a City of London atalowererapo Disney itadandaula za umwini, ndipo anthu atatu anamangidwa. Amene anali atamanga nyumba zawo za chisanu kumeneko anataya zonse kachiwiri.

Habbo, gemu imene anthu amachezeramo mu hotela yongojambula, ndiye yosiyana, poti sinafe. Kampani ya Sulake ya ku Finland inaichotsa pa Flash, ndipo hotela ya olankhula Chipwitikizi ikadalipo, koma simuilowanso kudzera pa Flash ya mu browser; tsatani zimene webusaiti ya Habbo yeniyeni ikukuuzani. Mu Juni 2024 anatulutsanso Habbo Hotel: Origins, yobwezeretsa maonekedwe a chaka cha 2005, ya anthu a zaka 18 kupita m'tsogolo, ndipo inabwera ndi hotela yakeyake ya Chipwitikizi. Ngati akaunti yanu yakale inalembetsedwa ndi imelo imene inafa kalekale, njira yokhayo ndi kulembera a Habbo enieniwo kudzera pa tsamba lawo la chithandizo, osati munthu wa pa WhatsApp kapena Discord wonena kuti ali ndi mnzake mkati.

Mahotela a Habbo osavomerezeka nawonso ndi ambiri ku Brazil, ndipo amakopa anthu ndi ndalama za m'gemu zaulere. Mukasankha kulowa pa seva ya mtundu umenewu, kaya ya Habbo kaya ya Club Penguin, gwiritsani ntchito imelo ina ndi pasiwedi imene simuigwiritsa ntchito kwina kulikonse, musalipire kanthu, musadawunilode pulogalamu imene akuti ndi yolowera, ndipo mwana asalowemo yekha, chifukwa simukudziwa amene akuyang'anira zokambirana za m'menemo.